Chitedze ndi kalongonda: mayankho kwa alimi pa za mayina a chomera choyangachi

Alangizi a zaulimi tikamalimbikitsa alimi kubzala kalongonda pofuna kubwezeretsa chonde m'nthaka yoguga, mafunso oyamba sakhala a kabzalidwe kapena a kakololedwe ayi, koma a dzina. Ena akamva kuti kalongonda ndi wachibale wa chitedze amakaniratu kumulowetsa m'munda, pamene ena akamva kuti ndi nyemba amafunsa za tsiku loti ayambe kudya. M'munsimu ndayankha mafunso amene amabwera kawirikawiri, ndipo ndawafupikitsa kuti malo akwane.

Bambo wina wafunsa kuti: "Kodi n'zoona kuti kalongonda ndi chitedze chomwe chija cha kutchire? Ngati zili choncho, bwanji mukutiuza kuti tibzale chinthu chimene aliyense amachilambalala?"

Bambo, zimene munamvazo n'zoona, koma sanakuuzeni nkhani yonse. Akatswiri a zomera amaika chitedze ndi kalongonda pa mtundu umodzi wotchedwa Mucuna pruriens, umene uli m'banja la nyemba pamodzi ndi khobwe, nandolo ndi soya. Zonse ziwiri zimayanga, zimatha kutalika kupitirira mamita 15 zikapeza mtengo wokwerapo, zili ndi masamba atatuatatu pa kamtengo kamodzi, ndipo maluwa ake amalendewera m'magulu, ambiri a mtundu wapepo woderako, ena oyera. Kusiyana kwenikweni kuli pa ubweya wa zitheba. Chitedze cha kutchire chili ndi ubweya wolimba, wofiirira, umene umathothoka msanga n'kubaya khungu, ndipo mu ubweyawo muli mankhwala otchedwa mucunain amene amayambitsa kuyabwa kosapiririka kuja. Kalongonda ndi chomera chomwecho chimene alimi akale anachisankha mibadwo ndi mibadwo mpaka ubweya wake unakhala wofewa ndiponso wosayabwa.

Mayina a akatswiri amanena zomwezi. Mawu akuti pruriens ndi a Chilatini ndipo amatanthauza chinthu choyabwa, pamene mtundu wolimidwawu anauwonjezera mawu akuti utilis, kutanthauza chothandiza. Mawu akuti Mucuna anachokera ku chiyankhulo cha Tupi cha ku Brazil, ndipo katswiri wa ku Switzerland, de Candolle, ndiye anaika chomerachi pa dzinali m'chaka cha 1825. M'mabuku ena akale a zaulimi mudzapeza dzina lakuti Stizolobium. Musadabwe nalo, chomera chake n'chomwechi.

Kunena zoona, Chichewa chinachita bwino kukhala ndi mayina awiri, chifukwa chinasiyanitsa chimene mlimi ayenera kuchithawa ndi chimene angachilime. Chisokonezo chimabwera pamene timapepala ta ulangizi tangolemba kuti mucuna osanena kuti ndi uti, kapena pamene womasulira watenga dzina lakuti chitedze n'kuliika pa mbewu yolimidwa. Komanso dzina lakuti chitedze silili la chomera chimodzi chokha m'kamwa mwa anthu, chifukwa mu Africa muli mitundu ina ya Mucuna, monga Mucuna coriacea ndi Mucuna poggei, imene nayonso ili ndi zitheba za ubweya woyabwa, ndipo munthu amene wayabwidwa saima n'kuyamba kuwerenga masamba kuti adziwe mtundu wake.

Mlimi wina wafunsa kuti: "Ndinauzidwa kuti mtedza umene ndinagula ndi wa Chitedze. Kodi uli pa ubale ndi chomera choyabwachi?"

Ayi, palibe ubale uliwonse. Chitedze ndi dzinanso la malo ofufuzira zaulimi amene ali kumadzulo kwa mzinda wa Lilongwe, ndipo mitundu ina ya mbewu imene inatulukira kumeneko imatenga dzina la malowo. Mtedza wa CG7 ndi chitsanzo chake, popeza chilembo cha C m'dzinalo chikuimira Chitedze. Wogulitsa akanena kuti "mbewu ya ku Chitedze" akunena za kumene inachokera, osati za chomera.

Funso lachitatu ndi limene ndimaliona kuti ndi lofunika kwambiri kwa wolima: "Ndingadziwe bwanji kuti mbewu imene ndapatsidwa ndi kalongonda weniweni? Nanga n'zoona kuti akakhalitsa m'munda amasanduka chitedze?"

Poyang'ana njere zokha simungatsimikize kwenikweni. Njere za kalongonda zimakhala zikuluzikulu ndipo zilipo zoyera, zakuda, zotuwa ndi zamawangamawanga, pamene za chitedze kawirikawiri zimakhala zocheperapo, koma mtundu wa khungu la njere sukuuzani chilichonse chokhudza kuyabwa. Masamba ndi maluwa nawonso amafanana kwambiri moti mlimi amene akudalira zimenezi adzanamizika. Umboni woona ndi chitheba. Chitheba cha kalongonda chimakhala chonenepa, chokhala ndi ubweya wamfupi wogona, wotuwa kapena wakuda, pamene cha chitedze chimakhala chopindika ndiponso chokutidwa ndi ubweya woimirira, wofiirira mowala. Choncho njira yabwino ndiyo kutenga mbewu kwa mlimi amene munda wake munauona zitheba zitakhwima, kapena kwa ofufuza ndi ogulitsa mbewu odziwika. Musatole njere pansi pa ziyangoyango za m'mbali mwa mtsinje n'kumati ndi kalongonda womera yekha.

Pa za kusanduka, kalongonda sasintha n'kukhala chitedze chifukwa chongokhalitsa m'munda, ndipo nthaka kapena mvula sizingamusinthe. Maluwa ake nthawi zambiri amadzipatsa okha mungu, n'chifukwa chake mbewu imasunga khalidwe la kholo lake chaka ndi chaka. Komabe mungu umatha kudutsa mwa apo ndi apo kuchokera ku chomera china, ndipo popeza chitedze ndi kalongonda ndi mtundu umodzi, zimatha kuberekana, mbewu yotulukapoyo n'kukhala yoyabwa. Ofufuza anaonanso kuti ngakhale mitundu iwiri yosayabwa ikaphatikizana, ana ake nthawi zina amatuluka ndi ubweya woyabwa. Nthawi zambiri, mlimi akadandaula kuti kalongonda wake wasanduka, chimene chachitika n'chakuti chitedze chinamera chokha m'mphepete mwa munda n'kuyanga pamodzi ndi mbewu yake, ndipo pokolola zonse zinalowa m'thumba limodzi. Langizo langa ndi lakuti munda wa mbewu ukhale kutali ndi tchire lokhala ndi chitedze, musasakanize mitundu ya kalongonda m'munda umene mukufuna kutengamo mbewu, ndipo phata lililonse limene laonetsa zitheba za ubweya wofiirira mulizule zithebazo zisanaume, pakuti zikauma ubweya umauluka ndi mphepo.

Mayi wina wafunsa kuti: "Popeza kalongonda sayabwa, kodi ndiye kuti ndi nyemba ngati nyemba zina zonse, zoti ndingaphikire ana ndi kupatsa nkhuku?"

Mayi, apa ndi pamene dzina limasocheretsa anthu koposa. Kusiyana kwa chitedze ndi kalongonda kuli kunja kwa chitheba basi, koma m'kati mwa njere zonse ziwiri muli mankhwala otchedwa L-dopa, ndipo kuchuluka kwake kumakhala pakati pa magawo 3 ndi 7 pa magawo 100 alionse a kulemera kwa njere youma. L-dopa ndi mankhwala omwewo amene madokotala amapatsa odwala matenda a Parkinson, aja onjenjemeretsa manja ndi kuumitsa thupi, ndipo amawapereka moyeza bwino. Munthu akadya njere zosakonzedwa bwino amachita nseru, amasanza, amamva mutu ndi chizungulire, mtima umathamanga, ndipo zikafika poipa amasokonezeka maganizo. Zoterezi zinachitikira anthu ambiri ku Mozambique m'chaka cha 1989, pa nthawi ya njala ndi chilala, pamene madzi ophikira anali osowa moti njerezi sizinkatsukuluzidwa mokwanira.

Chimene chimathandiza n'chakuti L-dopa amasungunuka m'madzi. Njere ziyenera kuphwanyidwa kapena kusendedwa khungu, kuviikidwa m'madzi ambiri kwa masiku awiri kapena kuposerapo mukusintha madziwo pafupipafupi, kenaka kuwiritsidwa kwa maola angapo mukutaya madzi ndi kuthira ena atsopano kangapo. Mudzaona madzi akuda bii. Kudako kumabwera chifukwa mankhwalawa akakumana ndi mpweya amasanduka akuda, ndipo madzi oterowo sayenera kumwedwa, kusandutsidwa msuzi kapena kupatsidwa ziweto. Kukazinga kokha sikuchotsa mankhwalawa mokwanira. Njerezi zili ndi zomanga thupi zambiri, pafupifupi gawo limodzi mwa magawo anayi a kulemera kwake, koma ine sindilangiza kuti zikhale chakudya cha ana aang'ono kapena cha amayi oyembekezera ndi oyamwitsa, ndipo aliyense amene akumwa mankhwala a matenda a mtima kapena a maganizo ayambe wafunsa kuchipatala. Kumene madzi ndi nkhuni zikusowa, ndi bwino kulima kalongonda chifukwa cha nthaka yokha ndi kusiya khobwe ndi nandolo kuti zikhale za mumphika.

Kwa ziweto, ng'ombe, mbuzi ndi nkhosa zimadya masamba ndi zitheba popanda vuto lalikulu chifukwa ndi zobzikula, ndipo tizilombo ta m'chifu mwake timaphwanya gawo lalikulu la mankhwalawa. Nkhuku ndi nkhumba zilibe chitetezo chimenechi, kotero njere zosaphika zimazichititsa kusiya kudya ndi kupinimbira. Muziphike kaye monga tafotokozera, ndipo zikhale gawo lochepa chabe la chakudya chake.

Mlimi wina amene amawerenga za ulimi pa intaneti wafunsa kuti: "Ndimakumana ndi mayina ambirimbiri. Ndi liti limene likunena za mbewu yolimidwa?"

M'Chingerezi, dzina lakuti velvet bean kawirikawiri limanena za kalongonda, chifukwa cha kufewa kwa ubweya wake, pamene buffalo bean, cowhage ndi cowitch amanena za choyabwa chija. Dzina lakuti cowhage silikhudzana ndi ng'ombe, ngakhale kuti cow m'Chingerezi ndi ng'ombe. Linachokera ku chiyankhulo cha Hindi cha ku India, kumene chomerachi chakhala chikudziwika kuyambira kalekale. Ku Honduras alimi amachitcha frijol de abono, kutanthauza nyemba ya manyowa, chifukwa amachilima mosinthana ndi chimanga m'minda ya m'mapiri. M'madera ena a Central America njere zake amazikazinga n'kuzipera kuti zilowe m'malo mwa khofi, mpaka anthu anazipatsa dzina lakuti Nescafé, ngakhale kuti sizikhudzana ndi khofi wa dzinali amene amagulitsidwa m'masitolo. Kum'mwera kwa United States mbewuyi inalimidwa kwambiri kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1900 monga chakudya cha ng'ombe ndi chobwezeretsa chonde, mpaka pamene feteleza ndi soya zinatenga malo ake, ndipo ku Benin alimi anaikonda chifukwa imagonjetsa udzu wovuta wotchedwa Imperata cylindrica. Chenjezo langa n'lakuti olemba ambiri amasakaniza mayinawa mosasamala, choncho mukamaitanitsa mbewu yang'anani mawu akuti utilis, ndipo funsani mwachindunji ngati zitheba zake zimayabwa.

Ena afunsa ngati kalongonda angabzalidwe pamodzi ndi chimanga. Angabzalidwe, koma musaiwale kuti mphamvu yoyanga ya chitedze nayenso ali nayo yonse. Mukamubzala tsiku limodzi ndi chimanga amachikwera, amachiphimba ndi kuchigwetsa, motero mudikire masabata 4 mpaka 6 chimanga chitamera, kapena mumulime payekha mwa kasinthasintha, chaka chino kalongonda, chaka chamawa chimanga. Mizu yake ili ndi timatuza momwe muli tizilombo totenga mumpweya nayitirojeni, chakudya cha mbewu chimene chimapezekanso mu feteleza, ndipo mbewu ikakula bwino masamba ndi mapesi ake amatha kusunga nayitirojeni wopitirira makilogalamu 100 pa hekitala. Phindu limeneli limatayika mukatentha zotsalira, choncho muzisiye ziphimbe nthaka kapena muzikwirire. Mthunzi wake umapha udzu wambiri, ndipo chonde chikabwerera kaufiti amachepa mphamvu chifukwa amakonda nthaka yoguga. Musamubzale pamalo podikha madzi, ndiponso pafupi ndi mitengo ing'onoing'ono ya zipatso pokhapokha ngati mudzakhala mukudula nsonga zake.

Pomaliza pali funso la amene agundana kale ndi chitedze posadza m'mphepete mwa munda. Musakande, chifukwa kukanda kumalowetsa ubweya m'khungu ndi kuufalitsa malo ena. Vulani zovala mosamala osazikutumula pafupi ndi anthu, chotsani ubweya pomata selotepi pakhungu ndi kuimatula kangapo, kenaka sambani ndi sopo ndi madzi ambiri. Mapiritsi wamba a ziwengo sathandiza kwenikweni pa kuyabwa kumeneku, chifukwa mucunain amadzutsa mitsempha ya pakhungu mwa njira yosiyana ndi ya ziwengo zina. Ubweya ukalowa m'maso, tsukani ndi madzi oyera osatikita ndipo pitani kuchipatala msanga. Chitaninso chimodzimodzi munthu akatupa nkhope kapena akamabanika. Zovalazo zichapidwe pazokha, ndipo ngati pali chitedze choti chizulidwe pafupi ndi munda, ntchitoyo ichitike chisanachite maluwa kapena m'mamawa mame asanaume, mutavala malaya a manja aatali ndi magolovesi.