Phini yemweyo ndi amene anandizula chikhadabo

Iii asisi, mwandikanda pachilonda ndi funso lanu la mwana amene zikhadabo zake zimada ngakhale asambe. Mundipirire, ndilemba zambiri. Mwanayo musamumenye, zoti amasamba koma zikhadabo zimadabe si uve wake ayi. Ndipo malangizo amene anzathu ena akupatsani oti muzimutokosa m'zikhadabo ndi phini musayerekeze n'komwe. Ine phini anandizula chikhadabo chathunthu, chala chapakati cha kumanjaku.

Munali mu January 2023, nonse mukukumbukira mmene kolera inavutira, mpaka sukulu za mu Blantyre ndi Lilongwe zinachedwa kutsegulidwa. Geni yanga ya mandasi inali itafa, anthu ankaopa zophikaphika, ndiye ndinalowa ya makala. Kupikula thumba, kuphwanya akuluakulu aja, kupakira m'timajumbo tsiku lonse. Amene munagwirapo makala mukudziwa, fumbi lake ndi losalala ngati ufa woyera, limalowa pansi pa chikhadabo, m'mbali mwake, m'ming'alu ya khungu, ndipo ngakhale usambe ndi Sunlight wathunthu kamzere kakuda kaja kamatsalabe.

Mwezi womwewo kunali chinkhoswe cha mlamu wanga wamng'ono kwa apongozi ku Bangwe. Ndinadzuka 4 koloko. Madzi ndinatunga ine, moto ndinakoleza ine, nkhuku zisanu ndi imodzi ndinasosola ine ndi mtsikana wina wa neba. M'manja ndinasamba katatu konse, ndi sopo, m'madzi othira kolorini amene alangizi a zaumoyo ankagawa nthawi imeneyo. Cha m'ma 11 ndili pamkeka kuseri kwa nyumba, beseni pamiyendo, ndikudula tomato, m'pamene anatulukira mlamu wanga wina, mchemwali wawo wa bambo akunyumba wa ku Lilongwe. Perefyumu kufika kaye, mwini wake pambuyo. Zikhadabo zomata, zofiira, zazitali ngati za kabawi. Moni sanapereke. Anangowerama, kundigwira pamkono apa, kukweza dzanja langa m'mwamba ngati akugulitsa nsomba, mpeni uli m'dzanja momwemo, madzi a tomato akuyenderera mpaka kuchigongono. Akuti, "Amayi, tabwerani mudzaone. Ndiye mukufuna alendo athu onsewa akagone kumatenti a kolera?"

Amayi anzanga, panali anthu. Akuchikazi anali atafika kale, azimayi awo anayi anabwera kudzathandiza kuphika, ankhoswe anali pakhonde cha pafupi pomwepo. Kunangoti zii. Ndinamva nkhuni zikuthetheka pamoto. Mayi wina amene sindimudziwa n'komwe anabisa manja ake muchitenje. Ndinafuna kunena kuti awa ndi makala, ndasamba, koma pakamwa panauma gwa. Ndinayang'ana apongozi anga kuti mwina andiyankhulira, poti makala omwe ankaphikira mpunga tsiku limenelo anali anga, thumba lathunthu, laulere. Iwo anangoyang'ana kumbali n'kunena kuti, "Apongozi, mungopita kumapoto." Beseni lonse la tomato, amene ndinagula ndi ndalama yanga ku Limbe dzulo lake, mlamuyo analinyamula ndi nsonga za zala kukataya kudzala. Ine tsiku lonse kukwecha mapoto ndi mchenga, mwaye uja kuwonjezera pa makala, misozi ikugwera m'madzi otsukira. Nsima sindinadye. Bambo akunyumba anali pansi pa mtengo wa mango ndi anzawo, ndipo nditawauza madzulo yankho lake linali lakuti, "Mungozisiya, mukumudziwa kale mchemwali wanga." Kumudziwa! Mpaka lero mawu amenewo amandiwawa kuposa a mlamuyo.

Chondipsetsa mtima n'chakuti munthu yemweyo ndi amene anagwira mbale ya pelekanipelekani, kuwerenga ndalama zonse zothimbirira zija, kunyambita chala kuti zisamatane, kenako ndinamuona ndi maso angawa akutola chiwindi mumphika ndi zikhadabo zakezo osasamba. Palibe amene anatsokomola. Wagalimoto sakhala wauve kwathu kuno.

Usiku umenewo ana atagona ndinakhala pansi ndi tochi ya foni, phini ndi lezala. Ndinadula zikhadabo mpaka pamnofu, kenako kutokosa, kutokosa, ndikulira, mpaka magazi. Kumaliza apo ndinaviika zala mu JIK wosasungunula bwino. Uchitsiru, ndikudziwa, koma mtima ukapsa suganiza. Tsiku lachitatu chala chinayamba kugunda ngati ng'oma. Chinatupa, kunyezimira, kutentha, kungokhudza bulangete ndinkakuwa. Ndinkagona dzanja nditalikweza pakhoma. Wina anati ndimange tomato, wina anati ndiviike m'madzi otentha a mchere, wina anati mlamu uja wandiponyera. Tsiku lachisanu ndinapita kuchipatala, anandibaya jekeseni patsinde pa chala n'kung'amba. Mafinya amene anatuluka pamenepo sindifotokoza, ena mukudya. Patapita masabata angapo chikhadabo chinathothoka chokha. Kuchapa ndinkachita kulipira munthu, geni inaima, mlamuyo ngakhale kameseji ka pepani kalibe.

Nesi amene ankanditsuka bala ndi amene ananditsegula maso, mayi wachikulire, wolankhula mosanyengerera. Anandionetsa pa chala chake kuti pansi pa chikhadabo, pomwe choyera chimathera, pali kakhungu kopyapyala kamene kamamata chikhadabo ku mnofu, ngati chitseko. Ukamatokosa ndi chinthu chosongoka umang'amba kakhungu kameneko, chikhadabo chimafutukuka, kathumba kosungira litsiro kamakula, ndiye mawa lake litsiro limalowa mozama kuposa dzulo, tizilombo natonso tapeza khomo. Amene amatokosa kwambiri ndi amene zala zawo zimada msanga.

Ndipo litsirolo si dothi lokha. Khungu lathu limafundula tsiku ndi tsiku, kuphatikiza thukuta ndi mafuta a m'thupi, ndiye ukangodzikanda zonsezo chikhadabo chimakokolola ngati khasu. Onjezani Vaseline kapena gilisalini amene timadzola, zotsalira za sopo, nsima, chiponde. Zimenezi n'zomata, fumbi likafika limakakamira. Malo ake ndi ofunda, achinyezi, thaulo silifikako, madzi amangodutsa pamwamba. Ndiye mwana wanuyo asisi, mwamusambitsa, mwamupaka Vaseline, akudzikanda mutu, watuluka kukasewera phada kapena kuumba tigalimoto tadothi, mukuyembekeza chiyani pofika masana?

Za kolera nesiyo ananena poyera kuti simachokera ku makala. Imachokera ku chimbudzi cha munthu wodwala chikalowa m'madzi kapena m'chakudya, ndipo dzanja looneka loyera mbee likhoza kukhala nayo pomwe lakuda ndi mwaye lilibe. Sindikunyoza mantha a nthawi ija, anthu oposa 1,700 anapita ndi mliri umenewo, ife pamzere wathu tinaika awiri. Koma ngati mlamuyo ankaopadi, akanayamba ndi zala zake. Ogwira odwala m'chipatala saloledwa zikhadabo zomata, ndipo a bungwe loona zaumoyo padziko lonse la WHO amati zawo zachibadwa zisapitirire theka la sentimita, chifukwa pansi pa zazitali ndi zomatazo m'pamene tizilombo timabisala ngakhale munthu asambe. Madzi akalowa pakati pa chomata ndi chenicheni, mumapeza chikhadabo chasanduka chobiriwira pochotsa. Ena muno munazionapo, musabise.

Kwa ana choopsa chenicheni ndi njoka zam'mimba. Kuli tinjoka toyera tating'ono ngati ulusi timene timatuluka usiku kudzaikira mazira kumalo otulukira chimbudzi. Mwana amamva kuyabwa, amakanda ali mtulo, mazira amalowa m'zikhadabo, m'mawa chala m'kamwa, basi zabwereranso m'mimba, ndipo amapatsira nyumba yonse. Njoka zikuluzikulu zija mazira ake amakhala m'dothi lomwe amaseweretsalo. Ngati wanuyo amadzikanda kumbuyo usiku pitani naye akalandire mankhwala a njoka zam'mimba otchedwa albendazole, musangolimbana ndi zala zokha.

Chikhadabo changa chinatenga pafupifupi miyezi isanu ndi umodzi kuti chimere chonse, poti chimakula mamilimita atatu okha pamwezi. Chinabwerera cha mu July, chokhotakhota, mpaka pano chili ndi kamzere pakati.

Zomwe ndimachita panopa ndi izi. Lamlungu lililonse madzulo ana akangosamba, zikhadabo zikadali zofewa, ndimawadula ndi neyilikata, kusiya kamzere koyera kochepa, osati mpaka pamnofu ngati ndinachitira ine. Lezala ayi, makamaka lobwerekana. Ndinasunga mswachi wakale pa sopo, ndi umene timakwechera nsonga za zala tisanadye ndi pochokera kuchimbudzi, kwa masekondi 20, kenako kupukuta mpaka ziume. Ine ndisanagwire makala kapena kupita kudimba ndimakanda sopo wouma wamtanda kuti adzaze m'zikhadabo, fumbi limasowa polowa, posamba zonse zimatuluka limodzi. Nzeru imeneyi ndikanaidziwa kale bwenzi tomato wanga atadyedwa. Zothimbirira ndimapaka ndimu, koma ngati pali bala mudzavina.

Kunena zoona pakakhala ulendo wa kutchalitchi ndimatengabe kamtengo ka machesi, pang'onopang'ono, kumapeto kokha. Ndikudziwa ndanena kuti osatokosa. Inuyo kwa mwana musatero.

Ndipo musamadzipweteke chifukwa cha pakamwa pa anthu, zala zakuda ndi za munthu wogwira ntchito, amene akuseka ndiye amene amadya thukuta lanu. Komabe mwanayo muziyamba mwamuyang'ana zala asanapite kwa azakhali ake, anthu saona kuti wasamba, amaona kamzere kakuda komweko n'kuyamba kutchula mayi ake. Inenso, Mulungu andikhululukire, ndikafika pa benchi ya mandasi ndimayang'ana kaye zala za wogulitsa, zikakhala zakuda ndimanamizira kuti ndaiwala ndalama.

December uno kuli ukwati wa mwana wa mlamu yemwe uja. Ndayamba kale kusunga ndalama ku banki m'khonde, ndikamatitsa zanga, zofiira, zazitali kuposa zake. Ndikakhala pampando kutsogolo manja ali pamiyendo. Mapoto akakweche yekha.