Simplicity: liwu lobadwa ku chinthu chopinda kamodzi

Achimwene, liwu la Chingerezi lakuti simplicity, limene mwafunsa tanthauzo ndi gwero lake, limanena za kuphweka kwa chinthu, komanso za khalidwe la munthu wosadzionetsera ndi wopanda chinyengo. Linachokera ku Chilatini, simplicitas, mphukira ya simplex, kutanthauza chopinda kamodzi kokha, ndipo linalowa m'Chingerezi kudzera m'Chifalansa chakale m'zaka za m'ma 1300.

Nkhani ya kupindayi ndi imene imandigwira mtima. Chitenje chopinda kamodzi simungabisemo kanthu, pamene chopindapinda chimatha kusunga zambiri zosaoneka. N'chifukwa chake duplex, chopinda kawiri, linabala duplicity, umene ife timati uthirakuwiri.

Pa ntchito yanga yomasulira zolemba za mpingo ndinaphunzira kuti liwuli silimatamanda nthawi zonse. M'Baibulo la King James la 1611, pa 2 Akorinto 11:3 likunena za mtima woona kwa Khristu, koma pa Miyambo 1:22 likudzudzula uchibwana wa anthu osafuna kuphunzira. Tsiku lina ndinalemba "kuphweka" pamene mlembi ankatanthauza moyo wosakonda zapamwamba, ndipo owerenga anamva ngati akunena za ntchito yosavuta. Choncho yambani mwawerenga chiganizo chonse musanasankhe liwu la Chichewa.

Ngati liwuli lili m'chikalata cha mgwirizano kapena m'buku limene lidzasindikizidwe, kaonaneni ndi katswiri womasulira, ndipo mumuonetse ndime yonse, osati liwu lokhalo.