Mafunso a Owerenga: Perefyumu Akalowa M'diso

FUNSO

Zikomo a Mlangizi. Ndine mayi wa ana atatu ndipo ndimakhala ku Chilomoni mumzinda wa Blantyre. Loweruka lapitali tinkakonzekera kupita ku ukwati wa mng'ono wanga, ndipo m'nyumba munali piringupiringu. Ndili mkati momanga duku, mwana wanga wamkazi wa zaka zinayi anatenga botolo la perefyumu patebulo kuti adzithire monga amaonera ine, koma kabowo kanaloza kumaso ndipo anadzipopera m'diso lakumanja. Analira kwambiri uku akutikita disolo. Ine ndinanyowetsa kansalu n'kumupukuta, apongozi anga anamuuzira mpweya m'diso, kenaka ananena kuti tikapemphe mkaka wa m'mawere kwa mayi wina woyandikana nafe amene ali ndi khanda. Ndinakana mwaulemu, koma kunena zoona sindinadziwe china choti ndichite. Diso linakhala lofiira mpaka Lamlungu madzulo, koma tsopano likuoneka bwino. Kodi ndinayenera kuchita chiyani? Kodi apongozi ankanena zoona? Nanga mwanayu sadzavutika maso m'tsogolo?

Mayi wa ku Chilomoni

YANKHO

Mayi, pepani ndi zimene zinakuonekerani pa tsiku lachisangalalo, ndipo ndiyambe ndi kukukhazikani mtima pansi. Ngati mwanayo akutsegula diso bwinobwino, sakuthawa kuwala kwa dzuwa, sakutuluka misozi kapena manthongo, ndiponso akuona monga kale, n'zachidziwikire kuti disolo lapola, pakuti perefyumu kawirikawiri amapweteka koopsa koma sasiya chilema. Kuti mutsimikize, phimbani diso lakumanzere ndi chikhatho chanu, ndipo mumufunse kuti atchule zinthu zing'onozing'ono zimene zili patali ndithu, monga supuni kapena kiyi. Kenaka phimbani linalo muyerekeze. Mukaona kuti akuvutika ndi diso lakumanja, kapena mukaona kadontho koyera pakati pa gawo lakuda la diso, pitani naye kuchipatala tsiku lomwelo.

Chimene munayenera kuchita n'chimodzi chokha: kutsuka disolo ndi madzi aukhondo ambiri, nthawi yomweyo, kwa mphindi zosachepera 15. Anthu ambiri amalakwitsa pa mfundo ya nthawiyi. Amawaza madzi kumaso kawiri kapena katatu ngati akusukusula m'mawa, n'kumati atsuka. Mphindi 15 ndi nthawi yaitali kwambiri pamene mwana akukuwa m'manja mwanu ndipo galimoto ya ku ukwati ikuliza hutala panja, choncho wina ayang'ane nthawi pafoni, chifukwa mukadalira kuganizira chabe mudzasiya zisanakwane n'zisanu zomwe.

Chifukwa chake chagona pa zimene zili m'botolomo. Gawo lalikulu la perefyumu wopopera, nthawi zambiri loposa 70 peresenti, ndi mowa wa mtundu wa ethanol, ndipo m'mowamo ndimo amasungunuliramo mafuta onunkhira. Mphamvu imeneyi ndi pafupifupi kawiri ya mowa waukali wa m'mabotolo umene umakhala pa 40 peresenti. Kutsogolo kwa diso kuli kachikopa koonekera ngati galasi, kamene madokotala amakatchula kuti cornea, ndipo pamwamba pake pali kakhungu kopyapyala zedi kokhala ndi mitsempha yambiri yomvera ululu. Mowa umafewetsa kakhungu kameneka ndi kukasupula. Madokotala a maso amadziwa bwino zimenezi, moti pa maopaleshoni ena okonza maso amathira dala mowa wosungunulidwa kufika pa 20 peresenti kwa masekondi owerengeka kuti kakhunguko kamatuke mosavuta. Tsono taganizirani za mowa wamphamvu kuposa pamenepo utakhala m'diso la mwana amene akulitikita ndi chibakera. Kutikitako ndiko kumamaliza ntchito imene mowa wayamba, chifukwa kumakanda kakhungu kofewa kale, ndiponso zala za mwanayo zimakhala zili ndi perefyumu wina amene akumubwezera m'diso momwemo. Mwamwayi kakhungu aka kamamera msanga, ndipo kachilonda kakang'ono kamapola pakati pa tsiku limodzi ndi masiku atatu, n'chifukwa chake diso la mwana wanu linayera pofika Lolemba.

Katsukidwe kake ndi kotere. Sambani m'manja mwachangu ndi sopo, makamaka ngati inunso munagwira botolo. Tengani jagi, ketulo ya madzi ozizira, botolo kapena kapu yaukhondo, ndipo wina azikudzazirani kuchokera mu ndowa kuti madzi asadukize. Madzi alionse amene mungamwe ndi oyenera: apampopi, apamjigo, a m'botolo, kapena owiritsa amene anazizira kale. Musataye nthawi kukoleza mbaula kuti muwiritse madzi, pakuti pa nkhani imeneyi kufulumira kumaposa zonse. Asakhale otentha, asakhalenso ochokera mufiriji. Ofunda pang'ono ndiwo amapiririka. Pendeketsani mutu kuti diso lovulalalo likhale m'munsi, ndipo thirani pang'onopang'ono kuyambira pafupi ndi mphuno, kuti madzi adutse m'diso n'kutsikira chakukhutu osalowa m'diso linalo. Diso lopweteka limatsinzina lokha mwamphamvu, choncho muyenera kukanula zikope ndi chala chachikulu ndi chamkombaphala, chifukwa madzi othiridwa pa diso lotseka amangotsuka nkhope. Munthu wamkulu muzimuuza kuti aziphethira ndi kuyendetsa diso m'mwamba, pansi ndi m'mbali kuti madzi afike kuseri kwa zikope, ndipo ngati ali yekha angathe kuweramira pansi pa mpopi wotsegulidwa pang'ono.

Mwana wamng'ono ndiye amavuta, ndipo pano chitenje chanu chimagwira ntchito. Mukulungeni nacho molimba manja ali m'kati, monga timachitira pomumwetsa mankhwala owawa, mumugoneke chagada pamiyendo panu mutu utalendewera pang'ono pamwamba pa beseni, wina agwire mutu, inu muzithira. Adzalira ndi kuphiriphitha, ndipo ena m'nyumbamo adzati mukumuzunza, koma musaleke. Misozi yakeyo ikuthandizanso kutsuka. Muzilankhula naye modekha, mukhoza kupumira masekondi angapo kuti apeze mpweya, koma bwereraninso mpaka nthawi ikwane. Yang'ananinso m'kamwa mwake ndi kununkhiza, chifukwa mwana amene wasewera ndi botolo akhoza kukhala atamwako. Mowa umatsitsa shuga m'thupi la mwana wamng'ono, choncho ngati wamwa wochulukirapo, kapena akuoneka wofooka ndi kuwodzera, musamusanzitse, thamangirani naye kuchipatala.

Ngati wovulalayo amavala timagalasi tomata m'diso, atichotse madzi akangoyamba kuyenda ndipo asativalenso tsiku limenelo. Chimodzimodzi nsidze zomata zimene akwati ndi operekeza amavala, pakuti zimasunga perefyumu pafupi ndi diso.

Tsopano za apongozi anu. Ananena zimene anakula akuziona, ndipo ananena chifukwa chokonda mdzukulu wawo, koma munachita bwino kukana. Mkaka wa m'mawere ndi chakudya chabwino kwa khanda, koma madontho ake ochepawo sangachotse mowa m'diso monga amachitira malita a madzi, ndipo mkaka wa munthu wina wodutsa pakhungu ndi m'manja ungabweretse tizilombo pa diso limene lili ndi kachilonda kosaoneka. Kuuzira mpweya kumathandiza mwina pa kachitsotso, osati pa mankhwala amadzi, ndipo kumawaza malovu m'diso. Kansalu kanu konyowa nakonso sikanachite zambiri kuposa kupukuta masaya. Zoopsa kwambiri ndi zina zimene anthu amadonthezera m'maso: madzi a shuga kapena a mchere wosayeza, mandimu, mkodzo, ndi madzi ofinya ku masamba kapena mizu. Kafukufuku amene anachitika ku Chikwawa m'zaka za m'ma 1990 anaonetsa kuti pafupifupi mmodzi mwa odwala atatu alionse amene ankafika kuchipatala ndi zilonda za pa cornea anali atayamba athira mankhwala azitsamba m'maso, ndipo ogwira ntchito m'zipatala za maso akuonabe zimenezi mpaka lero. Chilonda chimene chikanapola chokha m'masiku awiri chimalowa tizilombo, chimatukusira, n'kusiya chipsera choyera chimene chimatchinga kuona moyo wonse. Mukamakambirana ndi apongozi, musawatsutse pagulu. Auzeni kuti achipatala akuti mankhwala a diso lotere ndi madzi, ndipo tsiku lina muwapatse ntchito yogwira mutu wa mwana kapena yodzaza jagi.

Ndichenjezenso za mankhwala odonthezera ogula. Ena mwa iwo, monga amene ali ndi dexamethasone kapena betamethasone, amayeretsa diso msanga moti munthu amaganiza kuti wachira, koma pa diso lokhala ndi chilonda amachedwetsa kupola ndipo amapatsa mpata tizilombo. Musagwiritsenso ntchito kabotolo kotsala kwa munthu wina amene anadwala maso chaka chatha. Ngati ululu ukuvuta mutatsuka, panado pa mlingo woyenera msinkhu wa mwana ndi wokwanira, pamodzi ndi kukhala pamthunzi. Diso musalimange ndi nsalu.

Mukatsuka mokwanira, kufiira ndi kunyerenyesa pang'ono kungakhalepo kwa maola angapo, koma kuyenera kumachepa. Pitani kuchipatala tsiku lomwelo ngati ululu ukadali waukulu patapita ola limodzi, ngati wovulalayo akuona mwachimbuuzi, akulephera kutsegula diso kapena kupirira kuwala, akumva ngati muli mchenga, kapena zikope zatupa kwambiri. Pitaninso ngati tsiku lotsatira zinthu sizinasinthe, ngati wovulalayo ndi khanda, ngati diso limenelo ndi lokhalo limene amaonera kapena linachitidwapo opaleshoni, ndiponso ngati botolo linasweka, chifukwa pangakhale kachidutswa ka galasi. Malinga ndi mmene mwafotokozera, diso lofiira mpaka Lamlungu madzulo linali loyenera kukaonetsa Lamlungu m'mawa. Nyamulani botolo la perefyumuyo kuti achipatala aone, makamaka ngati ndi uja wothira m'timabotolo topanda chizindikiro wogulitsidwa pamsika, amene simungadziwe zimene anasakanizamo. Perefyumu wamafuta wopaka ndi kampira sawotcha kwambiri ngati wamowa, koma amamatirira, choncho amafunika kutsuka moleza mtima.

Kuchipatala sachita zoopsa. Amatsukanso ndi madzi a diripi, amadonthezera mankhwala oletsa ululu, kenaka amaika utoto wachikasu wotchedwa fluorescein n'kuunika ndi kuwala kwabuluu. Pamene pasupuka pamaoneka mobiriwira. Akapeza kachilonda amapereka mankhwala opha tizilombo, kawirikawiri a tetracycline opaka m'diso, n'kukuuzani tsiku lobweranso. Yambirani pa chipatala chaching'ono cha m'dera lanu, ndipo akaona kuti n'zofunika adzakutumizani ku Lions Sight First Eye Hospital, imene ili pa chipatala chachikulu cha Queen Elizabeth, kumene ambiri timangoti ku Gulupu. Owerenga a m'madera ena adziwe kuti zipatala zazikulu za Kamuzu, Zomba ndi Mzuzu, komanso chipatala cha Nkhoma, zili ndi mbali yoona za maso.

Botololo lichoke patebulo, likakhale pamwamba kapena m'kabati yokiya, chifukwa mwana wa zaka zinayi amatsanzira chilichonse chimene mayi ake amachita pagalasi.

FUNSO

A Mlangizi, ine ndimagwira ntchito mu saluni ku Kasungu. Nthawi zina sipuleyi ya tsitsi imawalowa makasitomala m'maso, ndipo tsiku lina mnzanga anadonthetsera mayi wina mankhwala owongola tsitsi pachikope. Kodi chithandizo chake n'chimodzimodzi?

Mtsikana wa ku Kasungu

YANKHO

Achemwali, sipuleyi ya tsitsi ndi yopopera m'khwapa zili m'gulu limodzi ndi perefyumu, ndipo zonse zimene ndalongosola pamwambapa zikugwira ntchito. Koma mankhwala owongola tsitsi ndi nkhani ina, ndipo ndikupemphani kuti muwauze anzanu onse. Ambiri mwa mankhwalawa ali ndi sodium hydroxide, yemwe ndi kositiki soda yemwe uja amapangira sopo, kapena mankhwala ena aukali ofanana naye. Mowa umawononga pamwamba pokha n'kuuluka, pamene soda amasungunula minofu ndi kupitiriza kulowa m'kati mwa diso ngakhale munthu atasiya kumva ululu, moti diso lingawonongeke m'mphindi zochepa. M'gulu lomweli muli simenti, layimu wopaka nyumba ndi phulusa, ndipo Jik ndi asidi wa mubatire nazonso zimafuna changu chomwecho.

Zoterezi zikalowa m'diso, yambani kutsuka pomwepo ndipo pitirizani kwa mphindi zosachepera 30, mukukanula zikope kuti phala lonse limene labisala kuseri lichoke. Musayese kuthira viniga kapena mandimu poganiza kuti mupha mphamvu ya soda, chifukwa mudzawotcha diso kachiwiri. Mukatha kutsuka, kasitomalayo apite kuchipatala mosalephera ngakhale atanena kuti akumva bwino, ndipo ngati n'kotheka wina azimuthirabe madzi a m'botolo ali m'njira. Diso limene layera mbuu pambuyo pa mankhwala otere si lochira ayi, nthawi zambiri ndi limene lapsa kwambiri mpaka mitsempha ya magazi yafa.

Popeza madzi apampopi amatha kusiya nthawi ina iliyonse, pemphani eni saluni kuti pakhale chigubu cha malita asanu kapena kuposerapo cha madzi aukhondo, chotsekedwa bwino, pamodzi ndi jagi yake, chosagwiritsidwa ntchito ina, ndipo madziwo muziwasintha pafupipafupi. Popaka mankhwala owongola tsitsi, kasitomala aweramitse mutu chambuyo, ndipo mumupatse kathawulo kouma koti agwire pamphumi.