Akuchenjezani pa Wikipedia? Musabwezerenso kaye zomwe achotsazo

Aphunzitsi ena a ku Santhe anditumizira imelo. Adalemba mbiri ya ufumu wa kwawo pa Wikipedia ya Chingerezi monga momwe agogo awo adawafotokozera, wina n'kuichotsa. Iwo adabwezera kawiri, ndipo pano alandira uthenga wokhala ndi chizindikiro cha olenji. Akufunsa ngati awayesa owononga.

Aphunzitsi, simuli owononga ayi. Owononga ndi amene amachita dala: kufufuta tsamba, kuika zotukwana, kusintha chaka chobadwa cha munthu. Ambiri a iwo amagwidwa ndi pulogalamu ya ClueBot NG pasanathe mphindi. Inu mlandu wanu ndi wakuti mwalemba popanda gwero, kutanthauza buku kapena nyuzipepala yosonyeza komwe nkhaniyo yachokera.

Machenjezo ali ndi masitepe anayi. Loyamba, la buluu, limangokudziwitsani mwaulemu. La olenjilo ndi lachiwiri. Lachitatu limatchula zokutsekerani kuti musathenso kulemba pa Wikipedia, ndipo lachinayi, la dzanja lofiira, ndi lomaliza. Kuchoka apo dzina lanu limaperekedwa kwa ma admin, oyang'anira amene ali ndi mphamvu yotsekera anthu. Choopsa kwambiri kwa inu ndi lamulo la 3RR: mukabwezera koposa katatu pa tsamba limodzi mkati mwa maola 24, amakutsekerani, nthawi zambiri kwa tsiku lathunthu, ngakhale zomwe mukunenazo zikhale zoona.

Apa mpamene zimandiwawa. Wikipedia safunsa ngati nkhani ndi yoona, amafunsa ngati idasindikizidwa pomwe wina angakaione. Zoti Mchinji inkatchedwa Fort Manning zimalowa mosavuta chifukwa atsamunda adazilemba. Za William Kamkwamba wa ku Wimbe zilimo chifukwa manyuzipepala adazilemba. Koma gogo amene amadziwa mndandanda wa mafumu kuyambira kwa makolo, mawu ake salowa. Ine ndikuti lamuloli limapondereza ife amene mbiri yathu ili pakamwa. Komabe sindingafune lichoke. Popanda ilo, mbumba ziwiri zolimbirana ufumu zingamasinthane tsamba usiku ndi usana, aliyense akuti "agogo adatero".

China: ngati mumalemba pa kompyuta ya kusukulu musanalowe mu akaunti yanu, chenjezo lina litha kukhala la mwana amene adasewerapo dzulo. Tsegulani akaunti yanuyanu, ndi yaulere.

Chochita tsopano

Siyani kubwezera. Dinani View history muone chifukwa chimene wochotsayo adalemba. Pitani pa tsamba la Talk la nkhaniyo, pomwe olemba amakambirana, fotokozani mwachidule zomwe mukufuna kuonjezera, ndipo sainani ndi ~~~~. Pezani buku, kafukufuku wa kuyunivesite, kapena nkhani ya mu The Nation kapena The Daily Times; za pa Facebook ndi WhatsApp sizivomerezedwa. Lembani m'mawu anuanu, osakopera, kenako dinani Cite muike mutu, wolemba, chaka ndi nambala ya tsamba. Gwero likasowa, mbiri ya agogoyo muyambe mwaipereka kwa mtolankhani kapena wofufuza kuti isindikizidwe.