Mafunso a M'khitchini: Masikono a Tchizi ndi Buledi wa Adyo

Makalata ambiri amene afika pa tsamba lino mwezi uno akufunsa za zophika za tirigu zothira adyo ndi tchizi, zimene anthu akuziona pa mafoni ndipo akufuna kuziyesa m'nyumba zawo. Ndasankhapo makalata 5, ndipo ena ndawafupikitsa chifukwa cha kuchepa kwa malo.

FUNSO: Ndinaona pa foni chakudya cha ku America chotchedwa biscuits, chokhala ndi tchizi ndi adyo. Ndayesa kawiri konse, koma zinatuluka zolimba kwambiri moti ana anachita kuziviika mu tiyi kuti adye. Ufa ndinaukanda bwinobwino monga ndimachitira ndi mabanzi. Kodi ndinalakwitsa pati? Ndine mayi wa ana atatu, ku Chilenje.

YANKHO: Mayi, zikomo chifukwa cholemba mwatsatanetsatane, pakuti cholakwikacho mwachitchula nokha. Koma tiyambe tagwirizana za dzina. Chimene anthu a ku America amachitcha biscuit si bisiketi youma ndi yotsekemera ija timagula pa kantemba, koma ndi m'bale wake wa sikono, chofewa m'kati, chamchere, chodyedwa chikadali chotentha. Choncho pano tizingoti masikono a tchizi, ndipo kaphikidwe kake n'ka masikono, osati ka mabanzi.

Mu ufa wa tirigu muli mapuloteni amene akanyowa n'kukandidwa amalukana n'kukhala chinthu chonanda ndi chotamuka chotchedwa gluten. Mabanzi amafuna gluten wambiri, chifukwa yisiti amatulutsa mpweya pang'onopang'ono kwa ola lathunthu kapena kuposerapo, ndipo pamafunika choti chiugwire mpweyawo kuti usathawe. Masikono amafufuma ndi baking powder, amene amayamba ntchito akangonyowa n'kukaimaliza mu uvuni m'mphindi zochepa. Ufa wotere mukaukanda umalimba kotero kuti mpweya wochepawo umalephera kuukweza, ndipo mapeto ake ndi aja munawaona. Manja amene amakonza mabanzi ndi omwewo amene amawononga masikono.

Tengani makapu 2 a ufa, omwe ndi pafupifupi magalamu 250, ndipo ukhale uja pa paketi pake alemba kuti cake flour, popeza bread flour ali ndi mapuloteni ochuluka. Muusefe pamodzi ndi masupuni aang'ono 2 ndi theka a baking powder, ndiponso theka la supuni yaing'ono ya mchere. Mchere usapitirire pamenepo chifukwa tchizi ali nawo kale. Kenako dulani tizidutswa ta batala wozizira wokwana magalamu 70, ndipo mumufikise mu ufa ndi nsonga za zala zokha kufikira ufawo utaoneka ngati mgaiwa wokhala ndi timibulu tofanana ndi nandolo. Timibulu timeneti musatimalize ayi. Tikalowa mu uvuni timasungunuka, madzi amene ali mu batala amasanduka nthunzi, ndipo nthunziyo imasiya timipata timene timachititsa kuti sikono ikamabenthulidwa izigawanika mosavuta. Onjezani magalamu 100 a tchizi wopala, thirani mkaka wozizira wokwana mamililita 180, ndipo mutakase ndi foloko maulendo 10 kapena 12 okha, kungoti ufa wouma usaonekenso. Udzaoneka wosasalala ndi womata, ndipo mtima udzakuuzani kuti muukonze, koma muuleke momwemo. Tapani ndi supuni yaikulu n'kugwetsera pa thireyi timilu 10 kapena 12, motalikirana zala ziwiri, n'kulowetsa mu uvuni umene watentha kale kufika madigiri 200. Pakatha mphindi 15 mpaka 18 pamwamba padzafiira. Adyo abwere pomaliza: sinjani timagawo 3, mutitenthe pang'ono m'masupuni aakulu 2 a batala wosungunula, ndipo mupake pa masikonowo akangotuluka.

Pali china chimene maphikidwe a pa intaneti sanena chifukwa sanalembedwere ife. Mzinda wathu wa Lusaka uli pamalo okwera mamita pafupifupi 1,280 poyerekeza ndi nyanja ya mchere, ndipo pamalo otere madzi amawira asanafike madigiri 100, ufa umafufuma msanga n'kuphwa, komanso umauma mofulumira. N'chifukwa chake ndalemba masupuni 2 ndi theka pomwe ena amalemba 3, ndipo ufa ukaoneka wouma musaope kuonjezera supuni imodzi ya mkaka. M'mwezi wa Okutobala, pamene batala amafewa asanafike n'komwe m'mbale, phikani m'mamawa, kapena ikani mbale ya ufa mufiriji mphindi 15 musanathire mkaka. Ine ndimakonda kuthira mabisi, mkaka wowawasa uja, m'malo mwa mkaka wamba, chifukwa kuwawasa kwake kumafewetsa sikono ndipo kumagwirizana bwino ndi tchizi. Mukatero, baking powder akhale masupuni 2 okha ndipo muonjezere kota ya supuni yaing'ono ya soda. Soda akachuluka masikono amakhala achikasu ndipo amamveka sopo m'kamwa.

FUNSO: Kunyumba kwathu kulibe uvuni, timaphika pa mbaula. Mkazi wanga akuti masikono otere satheka popanda sitovu ya magetsi. Kodi n'zoona? Ndine bambo wa ku Matero.

YANKHO: Bambo, mukawauze mayi a kunyumba kuti n'zotheka ndithu. M'chaka cha 2024, pamene chilala chinachepetsa madzi m'damu la Kariba ndipo magetsi ankathima maola ambiri pa tsiku, ngakhale mabanja okhala ndi masitovu anabwerera ku mbaula, ndipo buledi ankapsa. Uvuni ndi malo otsekeka amene kutentha kumachokera mbali zonse, basi, ndipo poto wamkulu wokhuthala akhoza kugwira ntchito imeneyo.

Ndili mwana ku Katete ndinkakhala pambali pa agogo anga aakazi akamaphika chikondamoyo. Ankayamba aphula moto wambiri, n'kusiya makala owerengeka pansi pa poto, ndipo ena onse ankawaunjika pa chivindikiro ndi phale. Sankavundukula kawirikawiri. Ankangoyandikiza chikhatho pambali pa poto, n'kumuzunguza pang'ono kuti mbali ina ilandire moto, ndipo fungo likasintha ankabaya pakati ndi kaudzu kouma n'kukayang'anitsitsa padzuwa. Kakatuluka kopanda chomata ankati chapsa. Nzeru imeneyo ndi yomwe ikufunika pano, ndipo chachikulu mwa zonse n'chakuti moto wa pamwamba uzichuluka kuposa wa pansi.

Yalani mchenga woyera ndi wouma pansi pa poto, wokwera zala ziwiri, kuti masikono asakhudzane ndi chitsulo chimene chili pamoto. Vindikirani n'kuteleka kwa mphindi 10 mpaka 15 kuti m'kati mutenthe. Makala, amene ambiri kuno timati malasha, akhale atayaka onse n'kuyamba kuyera phulusa, chifukwa ofuka utsi amasiya fungo mu batala. Pofuna kudziwa ngati moto wakwana, wazani kaufa pang'ono pa mbale yachitsulo imene muphikirepo n'kuiika pa mchengapo. Ufawo ukafiira pakatha mphindi imodzi kapena ziwiri ndiye kuti zili bwino, koma ukada nthawi yomweyo chepetsani makala a pansi. Ikani masikono, vindikirani, ndipo pa magawo atatu a makala anu, awiri akhale pa chivindikiro, limodzi pansi. Chivindikirocho chikhale chachitsulo chokhachokha, chopanda chogwirira cha pulasitiki. Mphindi 10 zoyamba musavundukule, pakuti kutentha kukathawa masikono asanalimbe amaphwa ndipo sadzukanso. Nthawi zambiri amapsa pakati pa mphindi 20 ndi 25.

Ndikupempheni chinthu chimodzi, makamaka m'miyezi yozizira ya Juni ndi Julayi. Mbaula ikhale panja kapena pakhonde. Makala oyaka amatulutsa mpweya wa carbon monoxide, umene ulibe fungo kapena mtundu, ndipo m'chipinda chotseka umapha anthu ali m'tulo.

FUNSO: Ndinapanga buledi wa adyo pa tsiku lobadwa la mng'ono wanga. Ndinakazinga adyo mu batala mpaka atafiira, ndinapaka pa buledi n'kuika mu uvuni, koma anawawa ngati mankhwala. Ndine mtsikana wa sekondale, ku Kabwata.

YANKHO: Mwanangu, adyoyo munamupsereza kawiri, m'chiwaya ndiponso mu uvuni. Adyo wosinja ndi tizidutswa ting'onoting'ono tokhala ndi shuga, ndipo amapserera msanga kuposa anyezi. Akangoda amawawa, ndipo palibe chimene chingachotse kuwawako. Pa buledi wa adyo chiwaya sichifunika konse.

Sendani timagawo 4, ndipo ngati m'kati mwayamba kumera kamphukira kobiriwira mukachotse. Sinjani ndi kamchere pang'ono mpaka asanduke phala, kenako mumusiye mphindi 10. Fungo lija timalikonda silikhalamo mu adyo wathunthu. Limabadwa pamene wasinjidwa, zinthu ziwiri zimene zinali zolekana m'kati mwake zikakumana n'kupanga allicin, ndipo zimenezi zimafuna kanthawi. Sakanizani phalalo ndi magalamu 100 a batala wofewa koma wosasungunuka, ndipo ngati muli ndi masamba a parsley muduliremo. Buledi wa dzulo ndiye wabwino kuposa wa lero, chifukwa amamwa batala popanda kusanduka phala. Mumucheke mizere osafika pansi, pakani batala m'mipatamo, mumukulunge mu foilo, ndipo akhale mu uvuni wa madigiri 180 kwa mphindi 10 mpaka 12. Foiloyo ndi imene imateteza adyo, chifukwa amapsa ndi nthunzi m'kati mwa buledi. Kenako tsegulani pamwamba, wazani tchizi, ndipo mubwezeremo mphindi 5 kuti asungunuke. Mukamagula adyo ku Soweto Market, sankhani mutu wolimba ndi wolemera m'dzanja. M'kuona kwanga, adyo wa timagawo ting'onoting'ono wa makoko ofiirira amanunkhira mwamphamvu kuposa woyera wa magawo akuluakulu, choncho wotereyo timagawo 3 n'tokwana.

FUNSO: Tchizi ndi wodula kwambiri. Ndigule uti, nanga ndingachepetse? Kodi majarini angalowe m'malo mwa batala? Ndine mphunzitsi, ku Mtendere.

YANKHO: Aphunzitsi, kudula kwake kuli ndi chifukwa, pakuti kuti papezeke kilogalamu imodzi ya tchizi wolimba pamafunika malita pafupifupi 10 a mkaka. Pa masikono gulani Cheddar, amene anatenga dzina ku mudzi wa Cheddar m'dera la Somerset ku England, ndipo ngati mungathe sankhani wokhwima, chifukwa kukoma kwake n'kwamphamvu moti magalamu 50 amamveka ngati 100 a wanthete. Theka musakanize mu ufa, theka linalo muwaze pamwamba pamene lilime limayamba kukhudza. Mozzarella, wochokera kumwera kwa Italy, ndi uja amatamuka pa zithunzi, koma kukoma kwake n'kochepa, choncho amayenera pa buledi kuposa m'masikono. Gulani chibuma n'kupala nokha chikadali chozizira, popeza wopalidwa kale amawazidwa sitachi kuti asamatane, ndipo sasungunuka bwino. Majarini wolimba wa chibuma amagwira ntchito, ngakhale fungo silifika pa batala, koma wofewa wa m'kabakuli ali ndi madzi ambiri ndipo pa masikono sindimulimbikitsa.

FUNSO: Pofuna kupulumutsa nthawi ndinasinja adyo wambiri n'kumuika m'botolo la mafuta ophikira, ndipo lakhala m'kabati milungu itatu. Fungo lake lili bwino. Kodi ndingapake pa buledi? Ndine mayi wogulitsa zakudya, ku Kamwala.

YANKHO: Mayi, botolo limenelo mulitaye lero lomwe, osalawa ngakhale dontho, ndipo mulitaye lotseka pamalo pamene ana ndi ziweto sangalifike. Adyo amakula m'nthaka, ndipo m'nthaka mumapezeka tizilombo totchedwa Clostridium botulinum. Tikakhala pa mutu wa adyo pamene pakupita mphepo sitichita kanthu, koma m'mafuta mulibe mpweya, adyo sawawasa, ndipo m'kabati ndi mofunda, zomwe ndi zinthu zitatu zimene tizilomboti timafuna kuti tichulukane n'kutulutsa poizoni woopsa kwambiri. Poizoni ameneyu nthawi zambiri sasintha fungo kapena maonekedwe a mafuta, choncho mphuno singakuthandizeni. Munthu amene wadya amayamba kuona zinthu ziwiriziwiri, zikope zimalemera, kulankhula ndi kumeza kumavuta, kenako kupuma kumabanika. Ngati wina wa kunyumba kapena kasitomala wanu anadyako kale ndipo akuonetsa zizindikiro zotere, apite kuchipatala nthawi yomweyo ndipo akanene chimene anadya.

Adyo wa m'mafuta wopanga pakhomo amasungidwa mufiriji basi, kwa masiku osaposa 4, ndipo kumene magetsi amathimathima ngakhale masiku amenewo ndi osadalirika. Popeza ntchito yanu imafuna changu, sendani adyo madzulo n'kumusunga wathunthu m'kambale kovindikira pamalo ozizira, ndipo m'mawa musinje wokwanira tsiku limenelo lokha. Ngati muli ndi firiji youmitsa imene sizimazima, sakanizani adyo ndi batala, muumbe ngati soseji m'pepala la pulasitiki, muumitse kuti gwa, ndipo muzidula kachidutswa kamene mukufuna n'kubwezeramo kotsalako kasanafewe.