Makina otsukira mbale afika, nanga madzi ake?

Mayi wina wa ku Luchenza wanditumizira imelo. Achimwene ake amene amagwira ntchito ku Johannesburg anawabweretsera makina otsukira mbale, koma mpaka lero adakali m'katoni chifukwa sakudziwa kalumikizidwe kake ku mpopi. Kumapeto anawonjezera kuti apongozi awo akuti chimenechi ndi chida cha akazi aulesi.

Mawu omalizawa ndi amene andipweteka, achemwali, ndiye mundilole ndiyambire pamenepo.

Amayi anga anathyola tiyi zaka zambiri. Ankabwera madzulo dengu litawapweteka msana, kenako n'kuphika, tikadya n'kukhala pansi pa thandala ndi phulusa ndi mchenga. Ndimakumbukirabe zala zawo nthawi ya chiperoni, mu June, zitang'ambika m'mphepete mwa zikhadabo, akukwecha mpoto wamwaye m'madzi ozizira ochokera m'phiri. Akamaliza ankaika manja m'khwapa kuti afunde. Palibe anawayamikirapo kuti ndi akhama chifukwa cha mbalezo. Zinkangooneka ngati zimadzitsuka zokha. Ndiye munthu akati makina ndi ulesi, ine ndimafunsa kuti iye anatsuka liti mbale za anthu 9 usiku, m'mawa n'kulawirira kuntchito. Bambo akagula njinga yamoto sitinena kuti akuthawa kuyenda. Chigayo chitabwera, mtondo unapuma, ndipo nsima timadyabe. Apongozi anu muwalemekeze, musakangane nawo, koma makinawo musabweze.

Anga ndinagula ogwiritsidwapo kale ntchito ku Limbe, n'kubwera nawo kuno ku Chitakale. Ndinaitana pulambala wina wachinyamata, analumikiza ku paipi yochokera pathanki, ine n'kudzaza mbale. Makina anang'ung'udza pang'ono, kenako analira n'kuima. Mnyamata uja anati madzi akuchedwa chifukwa cha kasefa kamene kali pakamwa pa paipi yolowetsa madzi, ndipo anakazula ndi pulayala. Ndinavomera chifukwa sindinkadziwa. Mvula itayamba madzi anabwera amatope, mchenga unakatsakamira m'valavu ya mkati, valavuyo inalephera kutseka. Ndinadzuka m'mawa n'kuponda m'madzi pakhomo la khitchini, thumba la ufa litanyowa kunsi konse. Ndinalira ndithu, ufa umenewo unali wa mwezi wonse.

Amene anandimasulira ndi abambo ena achikulire omwe anapuma ntchito kuwekishopu ya pa esiteti. Sanakhudze n'komwe makinawo. Anatuluka panja, anayang'ana thanki n'kufunsa kutalika kwa chiimikiro chake. Mamita atatu. Anapukusa mutu n'kuti vuto ndi limenelo. Madzi akamatsika okha, mamita 10 aliwonse amapereka mphamvu ya bar imodzi (bar ndi muyezo wa mphamvu imene madzi amakankhira m'paipi). Makina ambiri amafuna theka la bar kapena kuposerapo, ena bar yathunthu. Thanki yanga inkapereka 0.3 basi. Makina amadikira mphindi zochepa, akaona kuti madzi sanakwane amaima, ndipo ambiri timathamangira kunena kuti anatigulitsa akufa.

Ife a kuno timadzinyenga chifukwa tikukhala m'tsinde mwa phiri la madzi. Ruo, Likhubula, Lichenya, yonseyi imatsika m'phiri la Mulanje, ndipo madzi a Likhubula amafika mpaka ku Blantyre. Koma kuchuluka kwa madzi m'mtsinje si mphamvu ya madzi pampopi wanu. Ndipo tinaona mu March 2023, namondwe Freddy atakokolola mapaipi, kuti mpopi ukhoza kuuma masabata. N'chifukwa chake aliyense anathamangira kugula thanki, koma ambiri tinaziika pansi kwambiri poopa mtengo wa zitsulo. Ine panopa ndimati pulambala amene walowa m'khitchini asanayang'ane thanki, musamupatse ntchito.

Tsono chochita

Tsegulani kabuku ka makinawo muone bar imene alemba. Ngati madzi anu amachokera mwachindunji ku Southern Region Water Board ndipo amatuluka mwaukali, mwina muli bwino. Ngati ndi a pathanki, yezani kutalika choimirira, kuchokera pamene pali madzi kutsika kufika pamene pali makina. Zikapanda kukwana mamita 5, kapena 10 ngati kabuku kalemba bar yathunthu, gulani kapampu kowonjezera mphamvu. Lumikizani ku paipi ya madzi ozizira pansi pa sinki, makinawo amatenthetsa okha. Pulambala aike T, kolumikizira kogawa paipi pawiri, pamenepo ndi valavu yakeyake yokwana paipi ya 3/4 inchi, kuti muzitseka usiku kapena pochoka. Kasefa kaja kasachoke, ndipo ngati madzi anu amada nthawi ya dzinja onjezerani sefa ina kutsogolo. Paipi yotulutsa madzi akuda iyambe yakwera m'mwamba pafupi ndi sinki isanatsikire kotayira, apo ayi madzi onunkha a m'sinki abwerera m'mbale. Soketi ikhale yakeyake yokhala ndi waya wa earth, chifukwa chotenthetsera chake chimakoka pafupifupi mawati 2,000 ngati ketulo. Tsukani ulendo woyamba mulibe mbale, mutagwada ndi tochi kuyang'ana podontha.

Za bilu musaope, ulendo umodzi umatha malita 10 mpaka 15, osakwana ndowa. Sopo wa m'manja musathiremo, thovu lidzadzaza nyumba, gulani wake. Mthiko ndi chipande zisalowemo, mtengo umang'aluka ndi kutentha. Ndipo mpoto wa nsima muzinyikabe m'madzi usiku monga kale, chifukwa nkhoko makinawa sachotsa. Umenewo ndimatsukabe ndi manja, panja pa thandala.