Delaroche anapenta bwanji Lady Jane Grey osasiya mizere ya burashi?

Wowerenga wina watilembera imelo za chithunzi cha Paul Delaroche, mmisiri wojambula wa ku France, chosonyeza kuphedwa kwa Lady Jane Grey. Akufunsa chifukwa chake chili see, chopanda mizere ya burashi, komanso ngati zinachitikadi momwemo.

Zachiwirizo ayi. Jane, yemwe anakhala mfumukazi ya England masiku 9 okha, anadulidwa mutu panja, m'bwalo la linga la Tower of London, pa 12 February 1554. Delaroche anamuika m'chipinda chamdima bii, atamangidwa nsalu kumaso, manja akufufuza chipika choikapo khosi, udzu wouma utayalidwa pansi kuti umwe magazi. Anakonza zonse ngati sewero, ndipo anthu a ku Paris atachiona mu 1834 anachikonda kwambiri.

Kusalalako n'kwa ndondomeko imene amisiri a ku France a nthawiyo ankaphunzitsidwa. Delaroche (1797–1856) anaphunzira kwa wojambula wina, Antoine-Jean Gros. Ankayamba ndi kachithunzi kakang'ono kongoyesera mitundu ndi malo oima anthu. Kenako munthu aliyense ankajambulidwa payekha ndi choko, poyang'ana munthu weniweni ataima m'chipinda chogwirira ntchito. Chojambula chomaliza ankachilemba mizere ya timabokosi, n'kulemba mabokosi aakulu pachinsalu (ichi ndi cha masentimita 246 ndi 297), n'kumakopera bokosi ndi bokosi.

Utoto woyamba unkakhala wofiirira, wopyapyala, wosungunulidwa ndi mankhwala amadzimadzi otchedwa turpentine. Uume kaye. Wapamwamba uliwonse unkakhala ndi mafuta ochulukirapo kuposa wapansi pake. Utoto usanaume, ankadutsitsapo pang'onopang'ono burashi yowuma yofewa ya ubweya, mizere yonse n'kufafanizika. Chinsinsi chake n'chimenechi basi, kuphatikiza kudekha kwa miyezi.

Mukasinthanitsa dongosolo la mafutali mwaononga ntchito: utoto wopanda mafuta ambiri umauma msanga pamwamba, wapansi ukamafota pambuyo pake n'kuung'amba. Choopsa china ndi utoto wakuda wa phula, wokongola tsiku loyamba koma wosauma bwinobwino. Chithunzi cha Géricault, wojambula wina wa ku France, cha 1819 cha opulumuka pangozi ya sitima ya Méduse chinada ndi kukwinyika nawo.

Cha Delaroche chinavutika ndi madzi. Mtsinje wa Thames utasefukira mu 1928 n'kulowa m'zipinda zapansi za Tate, nyumba yosungiramo zithunzi ku London momwe chinkasungidwa, anthu anachitaya mtima. Chinapezeka chokulungidwa mu 1973, ndipo mu 1975 chinapachikidwanso ku National Gallery ku London.